Chikho cha Madzi a ku Tazolowera

M'dziko lonse la Zilibwino munalibe munthu wa ntchito yokoma kuposa a Layitoni Chakhuta. Iwo anali Wolawa Wamkulu wa kunyumba yachifumu. Chilichonse cholowa m'kamwa mwa Mfumu Salakwa chinkayamba chadzera m'kamwa mwa iwo, kaya chiwindi cha mbuzi, kaya uchi, kaya tiyi wam'mawa. Mwambo wake unali wosavuta. A Chakhuta ankalawa, oimba n'kuyamba nyimbo, ndipo nyimboyo ikatha iwo ali chiimire, Mfumu inkadya. Kugwa kwa wolawa kunkatanthauza chiphe, ndipo lamulo linkati pamene wolawa wagwera pomwepo ndiye kwawo, kunyumba yachifumu asadzapondekonso. Amene anakonza lamuloli ankaganiza za manda. Koma chiyambire ntchitoyo a Chakhuta anali asanagwepo, ndipo kunena zoona munthu wa thupi ngati lawo kugwa n'kovuta, pakuti kutalika kwawo ndi kunenepa kwawo zinali zofanana.

Kum'mwera kwa likulu la Mawatiyamba kunali mudzi wa Tazolowera. Kalekale kampani ina ya kutsidya kwa nyanja inamanga fakitale kumeneko, yopanga mankhwala ophera tizilombo m'minda. Pobwera inalandiridwa ndi ng'oma, pochoka sinatsanzike ndi galu yemwe. Komabe inasiya mphatso: migolo ya zotsalira za mankhwala, yodzaza chidzenje chonse cha kuseri kwa msika. Migoloyo inachita dzimbiri n'kuyamba kudontha. Udzu unaleka kumera. Achule, amene sasankha madzi, anasamuka. Pachitsime cha mudziwo, chomwe chinali chimodzi chokha, madzi ankakhala ndi kautawaleza pamwamba ngakhale m'chilimwe. Ana ankakula ndi zilonda ndi m'mimba mosatha, ndipo manda a mudziwo anakula msanga kuposa msika.

Anthu anadandaula kwa agogo ake a Mfumu, anauzidwa kuti nkhaniyo ikuonedwa. Anadandaula kwa bambo ake, anauzidwa kuti ikuonedwabe. Zinthu zinasintha tsiku limene abwenzi akunja, aja amathandiza dziko, anadutsa pamsewu wa ku Tazolowera, mmodzi wa iwo n'kutseka mphuno ndi kansalu. Ku Zilibwino mwini mudzi akhoza kutsokomola mpaka kulavula mapapo, palibe amene angatembenuke. Koma mlendo akatseka mphuno, amenewo ndi maliro a dziko lonse. Sabata isanathe Mfumu inakhazikitsa Ndondomeko ya Dziko Mbee, yoyeretsa malo onse oopsa, n'kuipereka m'manja mwa Nduna ya Ukhondo, a Mlomowokha.

Ntchito inayamba ndi mphamvu. Panali msonkhano wokhazikitsa komiti, msonkhano wosankha dzina la komitiyo, ndi wina wounika chimene chinachedwetsa misonkhano yoyamba ija. Yonseyi inkachitikira kumapiri, kwa kamphepo kayaziyazi, chifukwa akatswiri anati munthu sangaganize bwino za fungo ali nalo pafupi. Msonkhano uliwonse unkatsegulidwa ndi Mfumu, ndipo kumene kuli Mfumu kuli mbale, kumene kuli mbale kuli a Chakhuta. M'zaka za Dziko Mbee khosi lawo linamera lina pamwamba. Munthu akanyoza ndondomekoyo iwo ankapsa mtima kwenikweni, chifukwa phindu lake ankalimva m'thupi mwawo.

Potsiriza antchito anafika ku Tazolowera. Tsono mudziwe kuti ku Zilibwino ukhondo ndi wa mlendo. Munthu amasesa pamene mlendo aponde, zinyalala n'kukankhira kumene mlendo sayang'ana. Ndipo kukamveka kuti kukubwera wamkulu, miyala ya m'mbali mwa msewu imapakidwa laimu, mitengo nayo imapakidwa mpaka m'chiuno. Makolo ankachita choncho, boma nalo silidziwa njira ina. Antchito a Dziko Mbee anasesa kuzungulira dzenje, anandandalika miyala, anadzala mtengo umodzi womwe unafota m'mawa mwake, kenaka anatenga mabulashi n'kupaka migolo yonse laimu. Munthu ataima pamsewu, dzenje lija linkaoneka ngati khola la nkhosa zogona.

Pa bwalo la nduna a Mlomowokha anaimirira kupereka lipoti. Anali munthu woti akayamba kulankhula lilime limatsogola, mutu n'kumabwera pambuyo uli wefuwefu.

"Mwini dziko," anatero a Nduna, "ku Tazolowera kwayera. Kwayera mbee! Ntchentche ikafika kumeneko imayamba yapukuta mapazi isanatere. Madzi a pachitsime paja munthu ukamwa umamva ngati wabadwanso. Ndinene mosaopa kuti ngakhale madzi a kunyumba yachifumu kuno..."

Apa mutu unalipeza lilime, koma mochedwa.

"Madzi a kuno atani?" inafunsa Mfumu.

"Ndi pachibale, Mwini dziko. Bere limodzi."

"Basi," inatero Mfumu, ikumenya ndodo pansi. "Ndikamwa ndekha. Loweruka likubwerali, pamaso pa abwenzi athu akunja, ndikamwa chikho chodzaza, aone kuti ku Zilibwino sitiyeretsa ndi pakamwa."

Pomwepo inalamula kuti mawu akuti "kununkha" asamvekenso ku Tazolowera, kuti achule onse amene anasamuka popanda chilolezo abwerere kwawo, ndi kuti aliyense wofuna kudwala tsiku limenelo akadwalire kuseri kwa phiri. Bwalo lonse linaomba m'manja. A Chakhuta nawo anaomba, mwamphamvu kuposa onse monga mwa chizolowezi chawo, mpaka manja anaima okha m'malere. Anali atakumbukira kuti chikho chisanafike pamlomo wa Mfumu chimadzera pamlomo wa yani.

Madzulo amenewo anakankha mbale osadya, chinthu chimene akazi awo, Nagama, anali asanachionepo chikwatiwire.

"Abambo, mwadwala?"

"Sindinadwale. Ndidwala Loweruka."

Atawafotokozera, Nagama anaseka mpaka kugwira m'nthiti.

"Iii, nanga mukuopa chiyani? Si inu nomwe munkabwera kuchokera kumisonkhano, mafuta ali kukamwa, muli, 'Nagama, dziko likuyera'? Layera tsopano. Kamweni."

"Nagama, musaseke. Misonkhano ndi ina, madzi ndi ena."

"Munayamba mwapitako n'komwe ku Tazolowerako?"

"Kukatani? Malipoti onse ankatipeza kumapiri."

"Ndiye pitani mukachione chimene chikupheni. Wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko."

M'mawa mwake a Chakhuta anavala chikhothi chakale ndi chipewa chachikulu kuti asadziwike, ngati kuti mimba yotere ingabisike ndi chipewa. Fungo linawalonjera asanaone denga ndi limodzi lomwe, fungo la palafini wosakaniza ndi mazira ovunda. Pamsika anthu anawazindikira nthawi yomweyo, koma pokhala anthu aulemu anachita ngati sakuwadziwa. A Chakhuta anaima pa mayi wina woonda wogulitsa nthochi, dzina lake Nasibeko, amenenso ankasunga chingwe ndi chidebe cha pachitsime.

"Zikomo mayi. Ndine wapaulendo. Ndamva kuti boma layeretsa kuno."

"Layeretsa, bambo, tisalinamizire," anayankha Nasibeko. "Kale migolo ija inali yakuda, mdima ukagwa tinkapunthwa nayo. Pano imaonekera patali."

"Nanga ili... ili likumvekali?"

"Limenelo dzina lake analetsa dzulo," analowerera bambo wina wokhoma zidebe pambali pawo, osadzutsa mutu. "Koma anatilonjeza kuti lili m'gawo lachiwiri la ndondomeko. Akapeza bulashi yake adzalipaka."

A Chakhuta anapempha kuona chitsime. Nasibeko anasiyira nthochi mnzake, anawatsogolera, n'kutunga chidebe chimodzi. Madziwo anali obiriwira, ndipo kautawaleza kaja kankazungulira pamwamba pang'onopang'ono. 

"Kodi mayi, madziwa... amapha?"

"Ife satipha msanga. Amatidziwa, takulira limodzi. Amayamba mano, kenaka khungu, kenaka amakhazikika m'mimba ngati mkamwini waulesi, osachoka. Anga awiri ali uko." Analoza kumanda ndi chibwano, mawu ake osasintha, ngati akulozera munthu njira. "Koma mlendo sachedwa naye. Chaka chatha kunabwera wokhometsa msonkho, wathupi labwino ngati inu nomwe. Ludzu linamupweteka, anamwa chikho chimodzi. Anabwera wapansi, anabwerera pamachira. Tikumva kuti ali moyo, koma tsitsi linatsala kuno."

A Chakhuta anapisa dzanja pansi pa chipewa kuti amve ngati lawo likadalipo.

"Bwanji osakumba chitsime china?"

"Tinakumba. Pansi ponse pano ndi mgolo umodzi."

"Nanga osadandaula?"

"Tinadandaula, bambo. Anatiyankha ndi laimu."

Tsiku limenelo likulu linaona zachilendo: a Chakhuta akuthamanga. Analowa mu ofesi ya Nduna osagogoda, thukuta lili kamukamu. Chikhazikitsire Dziko Mbee, ameneyu anali munthu wa boma woyamba kufuna ndi mtima wonse kuti dzenje lija liyere.

"Bwana Nduna, migolo ija ichoke! Lero lomwe! Tumizani ngolo, tumizani asilikali, ine ndemwe ndisenza umodzi pamutu!"

"A Chakhuta, khalani pansi, mutithyolera chitseko," anatero a Mlomowokha. "Migolo iti? Lipoti likuti pamalo paja pali zokongoletsa zoyera. Tikachotsa migolo ndiye kuti tavomera kuti pali migolo. Mukufuna boma likangane ndi lipoti lake lomwe?"

"Ndiye ine ndife?"

"Simufa. Mukuyesa ine ndikufuna Mfumu imwe zimene zija? Khosi langa nalonso ndi limodzi." A Nduna anatseka zenera n'kutsitsa mawu. "Lachisanu anthu anga akapachika mtsuko waukulu m'kati mwa chitsime, pachingwe, pamene maso safika. Mudzakhala madzi a kunyumba yachifumu. Loweruka wotunga ndi ine. Chikho chikalowa mumtsuko, osati m'chitsime. Inu mulawa, Mfumu imwa, abwenzi aomba m'manja, tonse tibwerera ndi tsitsi lathu."

A Chakhuta anapuma mpweya wautali. Anagwira dzanja la Nduna ndi manja awiri, n'kunena kuti dziko lili ndi mwayi kukhala ndi mitu yotere. Madzulo amenewo anadya za tsikulo ndi za dzulo zomwe. Za ana awiri a Nasibeko anaziganizirako pang'ono, pakati pa mwendo woyamba wa nkhuku ndi wachiwiri, koma zinatsika ndi msuzi.

Loweruka linafika. Ku Tazolowera kunayera moti munthu ankatsinzina. Miyala inapakidwanso, mitengo inapakidwanso, ngakhale mbuzi ina imene inagona m'mbali mwa msewu inadzuka ndi miyendo yoyera. Odwala anali atapita kuseri kwa phiri monga mwa lamulo, choncho mudzi unaoneka wa anthu ochepa koma omvera. Ana anaimikidwa pamzere ndi timbendera m'manja. Asilikali anabwera ndi dengu la achule ogwidwa kudambo la kutali, ndipo Mfumu itafika anawakhuthula pafupi ndi chitsime kuti abwenzi aone kuti chilengedwe chabwerera. Achulewo anayang'ana uku ndi uku, ananunkhiza, n'kuyamba ulendo wobwerera kwawo, onse njira imodzi. A Mlomowokha anafotokozera alendo kuti akukaitana anzawo.

Mfumu inalankhula nthawi yaitali. Inati makolo ake analota dziko loyera, koma maloto amenewo anadikira iyo. Inati mayiko ena amachotsa zinyalala zawo chifukwa cha mantha, pamene Zilibwino amaziyang'ana m'maso. Abwenzi akunja anakhala pamipando yakutsogolo, tinsalu tawo tili m'matumba chifukwa cha ulemu, misozi ikutsika yokha ndi fungo lija. Mfumu itaona misoziyo inati taonani, ngakhale alendo akulira ndi chimwemwe.

Kenaka a Mlomowokha anapinda malaya, anamangirira chikho kuchingwe, n'kuchitsitsa mosamala ngati akutsitsa dzira. Chinalowa mumtsuko bwinobwino. Anachikoka, n'kutsinzinira a Chakhuta diso limodzi. Tsono mwambo sulola kuti mwamuna apereke madzi kwa mlendo pali amayi a pamudzi, choncho chikho chinaperekedwa kwa wosunga chingwe kuti apite nacho. Nasibeko anayenda nacho pang'onopang'ono, anagwada pamaso pa a Chakhuta, n'kulankhula motsitsa, mawu ofika kwa iwo okha.

"Wapaulendo, mwabweranso. Mukatithokozere kunyumba yachifumu chifukwa cha mtsuko uja."

"Mtsuko uti?" ananong'ona a Chakhuta.

"Uja munatipachikira m'chitsime. Taupeza m'mawa potunga madzi owaza pabwalo pano kuti fumbi lisavute Mfumu. Tagawira ana, aliyense pang'onopang'ono. Kamwana kanga kotsala katamwa kanandiyang'ana, kali, 'Amayi, mwathira shuga?' Chibadwire sikanamwepo madzi opanda fungo."

A Chakhuta anaweramira pafupi.

"Ndiye... ndiye mumtsukomo mulibe kanthu?"

"Iii, bambo, mukutiyesa anthu osaleredwa? Chiwiya cha mnzako suchibweza chopanda kanthu. Tadzazamo athu mpaka pakamwa, n'kuubwezera pamalo pake."

Anapereka chikho ndi manja awiri, anaomba m'manja mwaulemu, n'kubwerera chafutambuyo. Ngati anachita dala kapena unali ulemu chabe, nkhope yake sinanene.

A Chakhuta anayang'ana m'chikho. Kautawaleza kanali momwemo, kakuzungulira mosafulumira. Maso onse anali pa iwo: a Mfumu, a alendo, a Nduna amene ankamwetulira osadziwa kanthu. Kukana kulawa kunali kunyoza Mfumu pagulu, ndipo wonyoza Mfumu sankafika kwawo. Anakweza maso kufuna pothawira, n'kukumana ndi mzere wa ana uja. Ana onse ankayang'ana chikhocho, ena akunyambita milomo, poganiza kuti muli madzi a shuga aja. Pamenepo manyazi anawagwira a Chakhuta, manyazi enieni, otentha kuposa mantha. Zaka zonse zija kumapiri, nkhuku iliyonse imene anakukuta inali chitsime cha ana amenewa, ndipo iwo anachidya mpaka kunyambita zala.

Anakweza chikho, anadzaza m'kamwa, nameza. Zinali ngati kumeza msomali wadzimbiri woviikidwa mu palafini. Oimba anayamba nyimbo.

Madzi a ku Tazolowera sagwetsa munthu m'nyimbo imodzi, ndipo a Chakhuta anadziwa kuti akhoza kuima mpaka kumapeto. Akaima, Mfumu imwa, chitsime chilengezedwa choyera mpaka kalekale, ndipo mawa Mfumu ikakwera machira khosi loyamba kufunsidwa ndi la wolawa. Akagwa, ndiye kuti chiwindi cha mbuzi, uchi ndi tiyi wam'mawa atsanzikana nazo, kwawo kudzakhala pompano, pafupi ndi nkhosa zogona zija. Nyimbo inafika pakati. A Chakhuta anayang'ananso ana aja, anatseka maso, n'kudzisiya.

Anagwa ngati thumba la chimanga lochoka pangolo. Pansi panagwedezeka, fumbi linakwera ngakhale anali atawazapo madzi, mwala umodzi wa laimu unagubuduka n'kukagunda phazi la mlendo.

Zimene zinatsatira palibe amene anazikonzera msonkhano. Mfumu inapezeka m'galimoto nyimbo isanathe. Oimba, posadziwa ngati lamulo limalola kudula nyimbo yachifumu pakati, anathamanga akuimbabe. Abwenzi akunja anatulutsa tinsalu tawo poyera. A Mlomowokha ankathamangira uku ndi uku akufuula kuti, "Ndi dzuwa! Ndi kunenepa! Madzi alibe mlandu!" mpaka anaona kuti akufuulira mipando, nawonso anakwera galimoto. A Chakhuta anagona chigonere, maso ali tseke, akumvetsera phokoso likutha kumsewu.

Patapita kanthawi anamva chala cha phazi chikuwagunda m'nthiti.

"Dzukani, bambo, apita," anatero Nasibeko. "Mwagwa bwino. Ife tagwa ambiri pano, koma palibe amene anathawitsapo Mfumu."

Mpaka lero pamsika pa Tazolowera amatsutsana ngati a Chakhuta anagwa chifukwa cha ana kapena chifukwa cha khosi lawo. Wokhoma zidebe uja amati zonse ziwiri zinakankha, chifukwa thupi lotere chinthu chimodzi sichingaligwetse. Chimene palibe amene amatsutsa n'chakuti usiku usanafike a Chakhuta anadwala zenizeni. Anagona masiku angapo m'nyumba ya mnansi, akubuula, ndipo tsitsi la pakati pamutu linapita osabwerera. Nagama anafika ndi akatundu pangolo, akudandaula njira yonse kuti anakwatiwa ndi munthu wa kunyumba yachifumu, osati wa kudzala. Komabe anakhala, ndipo ndi iwo amene anawadyetsa phala ndi supuni mpaka anadzuka.

Kulikulu bwalo linakhalanso. A Mlomowokha anaimirira, lilime patsogolo monga mwa nthawi zonse.

"Mwini dziko, munthu uja anagwa ndi mafuta ake omwe. Umboni wake ndi wosavuta. Lamulo lamuika kale ku Tazolowera, ndipo kumeneko chitsime ndi chimodzi. Azimwa madzi amenewo tsiku ndi tsiku. Akafa, ndiye kuti ine ndanama, muchite nane chimene mufuna. Akakhala moyo, dziko lonse lidziwe kuti Dziko Mbee inayeretsa."

Mfumu inavomera. Abwenzi akunja nawo anavomera, n'kuonjeza kuti azibwera chaka ndi chaka kudzaona ngati munthuyo akupuma. Bwalo linaomba m'manja, a Nduna anakhala pansi akumwetulira, ndipo mutu wawo utafika unawauza chimene lilime lachita: khosi lawo analimangirira kumimba ya a Chakhuta.

M'mawa mwake kangolo kakang'ono kanafika ku Tazolowera podzera njira ya kuseri, katafunditsidwa udzu. Pansi pa udzuwo panali mtsuko wa madzi a kunyumba yachifumu, ndi uthenga wapakamwa wakuti a Chakhuta asayerekeze kuyandikira chitsime. A Chakhuta sankadziwa zambiri m'dziko lino, koma za kudya ankazidziwa. Anamuuza woyendetsa ngoloyo kuti akapereke yankho.

"Mukawauze a Nduna kuti ndathokoza. Koma kuno munthu sadya kwake kokha. Ndikadutsa pakhomo amandiitana, ndipo kukana chakudya cha mnansi ndi mwano. Lero ndadya kwa Nasibeko, mawa kwa wokhoma zidebe, mkuja kumaliro. Thobwa amandipatsa pena paliponse. Tsono ine sindidziwa kuti aphikira madzi ati. Ndikungoti adziwe, poti moyo wangawu si wanga ndekha."

A Nduna atamva anagwira kumutu. Anayesa kutumiza lamulo loletsa munthu kuitana mnzake pa chakudya, koma ngakhale asilikali anakana kukalilengeza, poopa amayi awo. Sabata yotsatira kangolo kaja kanasanduka ngolo zikuluzikulu za ng'ombe, zodzaza mitsuko, zokwanira mudzi wonse. M'mabuku a boma ngolozo zimanyamula udzu wokongoletsera malo.

Ndi momwe zilili mpaka pano. M'mawa uliwonse ngolo zikafika, a Chakhuta amaima patsogolo, mutu wawo wadazi ukuwala. Amatunga chikho choyamba, amalawa, ana amaimba nyimbo imodzi, ndipo ikatha iwo ali chiimire amapereka chikhocho kwa mwana woyamba pamzere. Palibe amene anawapempha kutero, koma ntchito imene munthu anakulira siichoka m'manja. Zilonda za ana zayamba kuuma. Migolo ikadali m'dzenje muja, ikudonthabe, ndipo chaka chilichonse alendo akatsala pang'ono kufika antchito amabwera kudzaipakanso laimu. Gawo lachiwiri likukambidwa kumapiri.

Ku Tazolowera kulibe munthu wosamalidwa ngati a Chakhuta. Akayetsemula, msika wonse umakhala chete. Akafuna kukwera pa mpando kukonza denga, amuna amathamanga kudzawatsitsa. Mvula ikagwa amawaperekeza ndi ambulera, wina kutsogolo akuchotsa miyala m'njira. Ndipo amadyetsedwa, kuposa mmene ankadyera kwa Mfumu, ndi anthu amene iwo eni nthawi zina amagona ndi njala. Ichi ndicho chimawapweteka, ndipo chakudya chimene kale chinkatsika chokha tsopano chimaima pakhosi.

Tsiku lina masana atakhala pamthunzi wa msika, Nasibeko anabwera ndi phava la nthochi n'kuwaikira pamiyendo. Kamwana kake kaja kanali pambuyo, katagwira nsonga ya chitenje.

"Idyani, bambo. Mwayamba kuonda m'khosi umu."

"Ndakhuta, mayi," anatero a Chakhuta, mawu amene anali asanawatchulepo chibadwire. "Mupatseni mwanayu. Kapena mukagulitse."

"Kukhutako n'kwanu? Mukafa inu, ngolo zisiya kubwera." Nasibeko anaika dzanja pamutu pa kamwanako. "Ine ndatsala ndi kamodzi komweka. Idyani."

A Chakhuta anayang'ana kudzenje, kumene migolo inali mbee padzuwa. Anayang'ana kamwana kaja. Kenaka anathyola nthochi imodzi n'kuyamba kusenda.